Chigayo cha Esime Sichikwera Lole

Kalata inafika Lachiwiri m'mawa, chigayo chili mkati mobangula. Esime anailandira ndi manja a ufa n'kuiwerenga ataima pakhomo pomwepo, azimayi a ku Waverley, m'tauni ya Kadoma, ali pamzere ndi ndowa zawo za chimanga. Inachokera ku thumba lina la boma limene linkabwereketsa ndalama kwa anthu ochotsedwa ntchito m'mafakitale. Mawu ake anali ochepa: ngongole ya chigayo yafika madola 5,900 a ku America, ndipo ikapanda kubwezedwa pasanathe masiku makumi atatu, kubwera lole kudzanyamula chigayocho.

"Zikwi zisanu za chiyani?" Esime anafuula mpaka mayi wa kutsogolo kwa mzere anabwerera m'mbuyo. "Ife tinatenga zikwi zinayi, ndipo tabweza zaka ziwiri zathunthu. Ngongole yanji imene imanenepa ukamaibweza?"

Sankanama ayi. Mwamuna wake, Sitefano, anagwira ntchito zaka zambiri pa fakitale ya nsalu ku Chegutu. Fakitale itagwa, awiriwa anatenga ngongole ija n'kugula chigayo, ndipo kuyambira pamenepo lendi, fizi ya ana atatu ndi sadza, ndiyo nsima ya pakhomo, zonse zinkatuluka m'chigayomo. Mwezi ukatha, Sitefano ankavala jekete lake la kutchalitchi n'kukwera kombi, ndiyo minibasi ya kuno, kukapereka ndalama ku kaofesi ka thumbalo ku Chegutu. Sanadumphitsepo mwezi mpaka chibayo chinamutenga mu Febuluwale. Maliro atatha Esime anapitako yekha ndi ndalama m'manja, koma anapeza kaofesiko atakatseka, pakhomo pali wogulitsa mafoni.

Nanga mapepala a ngongoleyo anali kuti? Apa ndiye panagona vuto. Litangotha tsiku la maliro, Horace, mkulu wake wa Sitefano, anasonkhanitsa zovala za malemu, mabuku ndi mapepala onse n'kuzitsekera m'bokosi lachitsulo, nalimanga ndi waya. Banja lawo, ngakhale onse anabadwira m'komboni ya mgodi ku Eiffel Flats, linasungabe mwambo wakumudzi woti katundu wa malemu sakhudzidwa mpaka malume atabwera kudzagawa. Malumewo anali kumudzi ku Dedza, ku Malawi, kudikira kuti akumbe kachewere apeze ya basi. Esime anasaina nawo pangano la ngongoleyo, inde, koma kusaina kwake kunali kongolemba dzina pomwe chala cha kalaliki chinaloza, patsamba lomaliza. Masamba ena onsewo sanawaone n'komwe.

Horace anafika madzulo a tsiku lomwelo, chipewa chili chopendeka, nkhani ataimva kale pa siteji ya makombi.

"Alamu, musade nkhawa," anatero asanakhale n'komwe pansi. "Boma ndimalidziwa ine. Tikawasumire kukhoti mawa lomwe, tiwagwetse asanadzuke."

Horace anagwirapo ulonda pageti la khoti miyezi isanu ndi umodzi, kalekale, ndipo kuyambira pamenepo ankayankhula zamalamulo ngati anazilemba ndi iye.

"Bwanji titsegule kaye bokosi, tione zimene tinasaina?" Esime anafunsa.

"Ha! Alamu, mukufuna kutilaulira? Dothi la pamanda a mng'ono wanga silinakhazikike n'komwe, inu mwayamba kale kupisa m'katundu wake? Anthu adzati chiyani? Kukhoti safuna mapepala, amafuna pakamwa. Pakamwapo ndili napo ine."

Pakamwa analidi napo, zimenezo palibe angatsutse. Analinso ndi mnzake wolemba makalata a milandu pakhonde la sitolo ina m'tauni ya Kadoma, amene anafuna madola 250. Esime anagulitsa firiji n'kupereka.

Tsiku la mlandu Esime anavala chitenje chake chakuda n'kukhala kutsogolo, mawu onse atawakonza pamtima. Koma abale, sanapatsidwe mpata wonena ngakhale liwu limodzi la ngongoleyo! Loya wa thumba lija anaimirira, anatsegula pangano, nawerenga ndime ya nambala 18. Ndimeyo inkati pakabuka mkangano uliwonse pa ngongoleyi, nkhani ipite kwa mkhalapakati wosankhidwa ndi mbali zonse ziwiri, osati kubwalo la milandu. Anapempha kuti mlandu uimitsidwe, n'kukhala pansi.

Woweruza anayang'ana Esime mwachifundo. "Amai, kodi siginecha iyi ndi yanu?"

"Ndi yanga, bwana."

"Ndiye manja anga ndi omangidwa. Munagwirizana nokha kuti mikangano yanu idzamvedwa kwina. Mlanduwu ndauimitsa, pitani kwa mkhalapakati."

Zonse zinatha munthu asanakhazikike bwino pabenchi. Esime anatuluka mutu utaima. Horace, m'malo mochita manyazi, anamukokera pambali ndi nzeru ina yatsopano.

"Agulana anthu amenewa, ndawaona m'maso. Tsopano mverani ine, alamu. Timasule chigayo, tikachibise ku Battlefields kwa anyamata okumba golide. Lole ikadzafika idzapeza simenti yokhayokha."

Apa ndiye Esime anapsa mtima. "Ndibise ngati ndinaba? Chigayo chimene mwamuna wanga anafa akubweza? Alamu, nzeru yanu yoyamba yandidyera firiji. Yachiwiriyi ikufuna kundigoneka kundende. Isungeni."

Amene anamuonetsa njira anali Mayi Rabeka, mkulu wa amayi a Mvano kutchalitchi kwawo. Iwo anati ku Chegutu kuli ofesi ya maloya othandiza anthu osauka mwaulere, ndipo inawathandizapo pa nkhani ya nyumba. M'mawa mwake Esime anatseka chigayo n'kukwera kombi, mapepala a kukhoti ali m'jumbo.

Anamulandira loya wachitsikana dzina lake Rumbi. Atamva kalankhulidwe ka Esime anamwetulira. "Amai, Chichewa changa n'chothyokathyoka, ndinachitolera kwa agogo anga kufamu. Ndikasakaniza ndi Chishona mundikhululukire."

Rumbi anawerenga pangano lonse limene loya wa thumba anaphatikiza pa mapepala a mlandu, tsamba ndi tsamba, chala chili pamzere. Esime anadikira mpaka kuleza mtima kunamuthera.

"Ingondiuzani, mwanangu. Ndaluza?"

"Aiwa, simunaluze. Khoti silinanene kuti ngongoleyo ndi yoona, silinaikhudze n'komwe. Langokuuzani kuti mwagogoda pakhomo lolakwika."

"Ndiye khoti n'lachiyani ngati silimva anthu?"

"Limamva, amai. Koma tsiku lomwe munasaina, inu ndi a thumba munalonjezana kuti mukadzakangana simudzathamangira kukhoti. Mudzasankha munthu mmodzi wodziwa malamulo, wopanda mbali, amve nkhani yanu m'chipinda n'kugamula. Pachingerezi amati abitireshoni. Mbali imodzi ikangokumbutsa khoti za lonjezo limeneli, khoti limaimitsa mlandu n'kukutumizani komweko. Ngakhale mutakhala kuti mukunena zoona zokhazokha."

Esime anapukusa mutu. "Basi boma ladzimangira mpanda. Ife osauka tilowera pati?"

"Mpandawo wawatsekeranso iwo," anatero Rumbi akugogoda pandime ija ndi cholembera. "Taonani, siikunena kuti Esime yekha. Ikuti mbali zonse. Ngati inu mukutsutsa ngongoleyi, nawonso sangadzigamulire okha kuti yakwana zakuti, n'kutumiza lole. Ayenera kukakhala pamaso pa mkhalapakati ngati inu nomwe, aonetse mabuku awo. Ndipo khoti silinakutayeni konse. Tikhoza kupempha bwalo lalikulu kuti liteteze chigayo, chisasunthe mpaka chigamulo chitatuluka."

Kwa nthawi yoyamba chifikireni kalata ija, Esime anapuma mpweya wonse. Koma Rumbi anali asanamalize.

"Musasangalale msanga, pali zowawa zitatu. Choyamba, mkhalapakati amalipidwa, theka inu theka iwo. Chachiwiri, akagamula wagamula. Khoti silisintha chigamulo chake chifukwa choti simunachikonde, pokhapokha pachitike chinyengo kapena zolakwika zazikulu ndithu. Mwayi wanu ndi umodzi wokha. Chachitatu, ndime yomweyi ikuti wotsutsa alembe kalata pasanathe masiku makumi atatu chilandirireni kalata ya a thumba. Kukhoti kuja mwatayako makumi awiri ndi anayi. Kalatayo ndilemba lero, koma kwa mkhalapakati simungapite ndi pakamwa pokha. Malisiti ali kuti?"

Esime anayang'ana pansi n'kufotokoza za bokosi, za waya ndi za malume a ku Dedza. Rumbi sanaseke, sananyoze mwambowo.

"Za m'banja mwanu sindingakugamulireni, amai. Ine ndingokuuzani kuti popanda malisitiwo, mawu a m'mabuku awo ndiwo adzamveke."

Mu kombi yobwerera ku Kadoma Esime ankangoganiza za bokosi lija. Mantha anali nawo, tisaname. Anakulira m'mwambo umenewu, ndipo ankadziwa mmene pakamwa pa anthu pamathamangira: mkazi wamasiye akangokhudza katundu wa malemu, mawa lake amva kuti ndiye anapha mwamuna. Koma akaganiza za ana ake atatu ataima pa simenti yopanda chigayo, mantha aja ankasanduka ukali.

Lamulungu atatuluka m'tchalitchi, anaitana Mayi Rabeka ndi amayi ena awiri a Mvano, anaitananso Horace. Atafika kunyumba, bokosi analitulutsa panja, dzuwa lili pamutu, kuti aliyense wodutsa aone. M'manja anali ndi pulayazi ya kuchigayo.

"Alamu, mwapenga?" Horace anadumpha. "Malume sanabwere!"

"Malume akadzabwera adzagawa majekete ndi nsapato. Nanga ngongoleyi adzagawanso? Inu mudzatengako zingati, alamu? Nenani pano amayiwa amve."

Esime sanamudikire Horace, anapitiriza.

"Sindikufuna malaya, sindikufuna wotchi. Ndikufuna mapepala okha, ndipo atulutse ndi Mayi Rabeka, osati ine. Ngati pali tsoka, ligwere ine. Sitefano sanagule chigayo kuti chipite pa lole ife tikulondera nsapato zake."

Waya anaduka kuti thu. Mayi Rabeka anapemphera kaye mwachidule, kenako anapisa dzanja. Pansi pa ovolosi ya kufakitale panali buku la nyimbo, ndipo m'kati mwake munali malisiti atapindidwa bwinobwino, lililonse ndi chidindo chake. Anawawerenga mokweza: makumi awiri ndi anayi, lililonse la madola 120. Esime ataona zilembo za mwamuna wake kuseri kwa lisiti lililonse, misozi inangotsika yokha. Anaipukuta ndi chitenje, anatseka bokosi, napereka waya watsopano kwa Horace kuti amange yekha.

Rumbi anagwira ntchito yake mwachangu. Kalata yoyambitsa nkhani kwa mkhalapakati inafika kwa a thumba nthawi isanathe, ndipo bwalo lalikulu linapereka chikalata choletsa aliyense kusuntha chigayo. Koma ku ofesi zazikulu pepala limayenda pang'onopang'ono kuposa lole. Lachisanu lotsatira, cha m'ma teni koloko, lole yoyera inaima pakhomo pa chigayo. Munatsika amuna anayi ndi masipanala, kutsogolo kuli mkulu wina wa mimba yake dzina lake Perseverance, wotolera ngongole za thumba lija.

"Amai, mutemo mutemo," anatero m'Chishona akukupiza fayilo, kutanthauza kuti lamulo ndi lamulo. "Munaluza kukhoti. Zimitsani makina."

Esime sanazimitse. Anamaliza kaye kugaya ndowa imene inali m'kati, anakung'untha thumba, napereka ufa kwa mwini wake. Kenako anaima pakati pa khomo, manja m'chiuno.

"Ndinaluza mlandu uti? Werengani pomwe khoti linalemba kuti ngongole yanu ndi yoona. Werengani mokweza, anthuwa amve."

Perseverance anatembenuza mapepala, kutsogolo, kumbuyo, osapeza.

"Loya wanu yemwe ndiye anaimirira n'kunena kuti nkhaniyi si ya khoti, ndi ya mkhalapakati. Ine ndinamvera, ndapita kumeneko. Nanga inu mukubwera ndi masipanala, mkhalapakati wake ndinu?"

Azimayi a pamzere anaseka. Nkhope ya Perseverance inachita mdima.

"Imi mabhurandaya munonetsa," anang'ung'udza. Mabhurandaya ndi dzina limene ena kuno amanyozera nalo anthu amene makolo awo anachokera ku Malawi, kutanthauza kuti ndi obwera, ovuta.

Kuseka kunatha. Esime anasendera pafupi mpaka ufa wa pamalaya ake unagwera pa fayilo ija.

"Ndinabadwira ku Eiffel Flats ine. Bambo anga anasiya mapapo awo mumgodi wa dziko lino. Lamulo lomwe mwanyamulalo ndi langanso." Anatulutsa chikalata cha bwalo lalikulu m'thumba la epuloni n'kuchitambasula. "Chidindo ichi mukuchidziwa? Khudzani bawuti imodzi yokha, mukafotokoze nokha kwa amene anadinda."

Perseverance anawerenga kawiri. Anapita kuseri kwa lole kukaimba foni, ndipo anthu ankangomva "hongu, shefu, hongu, shefu," ndiye kuti inde bwana, inde bwana. Atabwerako sanayang'ane munthu kumaso. Amuna aja anabweza masipanala awo, lole inabwerera chambuyo mpaka kumsewu, ndipo mayi wina anayimba nthungululu.

Nkhani inakamvedwa patatha miyezi iwiri, ku Chegutu, m'kachipinda ka pamwamba pa sitolo. Mkhalapakati anali mayi wachikulire amene anapuma ntchito ya uweruzi. Panalibe mikanjo, panalibe wapolisi, koma tebulo limodzi ndi mabotolo a madzi. Esime anayala malisiti ake onse. Mayi aja anafunsa a thumba ngati zidindozo zinali zawo. Anavomera. Anafunsa chifukwa chake ndalamazo sizikuoneka m'mabuku. Kunapezeka kuti kaofesi ka ku Chegutu katatsekedwa, mabuku ake sanalowetsedwe kulikulu, ndiye makina awo ankaona ngati Sitefano sanabwezepo ngakhale senti.

Chigamulo chinatuluka patatha sabata zitatu, ndipo Rumbi anamuwerengera Esime mu ofesi yake. Madola 2,880 anavomerezedwa kuti anabwezedwa. Zilango zonse zinafafanizidwa. Yotsala, pamodzi ndi chiwongoladzanja cha m'pangano, inali madola 1,560, yobweza 120 pamwezi monga kale. Chigayo chikhale pomwe chili. Koma Esime analipiranso madola 300, gawo lake la mkhalapakati.

"Chiwongoladzanja cha miyezi imene ofesi yawo inali yotseka ndilipirenso ine?" Esime anakwiya. "Ndinapita ndi ndalama m'manja! Tiyeni tikachite apilo."

"Ndinakuuzani, amai, akagamula wagamula. Inenso pamenepo sindinakondwe, koma khomo limenelo n'lotseka."

Esime anawerengera m'mutu firiji, madola a mkhalapakati ndi masiku onse amene chigayo chinagona chotseka. Zinamupweteka, ndipo sanabise.

"Ndime imodzi yokha," anatero. "Ndikanaiwerenga tsiku loyamba, bwenzi ana anga akumwabe madzi ozizira." Anapinda chigamulo chija n'kuchiika pachifuwa. "Koma chabwino. Ndidzabweza yanga yeniyeniyo mpaka senti yomaliza. Yabodza ija akaipereke okha."

Anafika ku Waverley dzuwa likupendeka. Pakhomo pa chigayo panali anthu ambiri kuposa masiku onse, chifukwa mphekesera inali itamveka kuti chigamulo chatuluka ndipo chamugwetsa. Horace anali pakati pawo, akutsutsa mphekeserayo n'kumafotokozera aliyense kuti nzeru yopita kwa mkhalapakati anaiyambitsa ndi iye. Esime anangomudutsa, anatsegula loko, nakadina batani. Chigayo chinangoti zii. Magetsi anali atazima.

Azimayi anayang'anana. Wina anayamba kusenza ndowa yake mwakachetechete, poganiza kuti mwina a thumba adula kale mawaya.

"Mukupita kuti, Mai Chenai?" Esime anafunsa akuvala epuloni. "Tulani ndowayo. Amene achoka ndi magetsi, ndipo abwera. Chigayochi sichipita kulikonse. Khalani pamzere."

Phunziro: Musanasaine pangano la ngongole, kaya ndi la boma kaya la kampani, funsani kuti mukadzakangana nkhani idzamvedwa kuti. Ngati muli ndime yotumiza mikangano kwa mkhalapakati, khoti likhoza kuimitsa mlandu wanu osaumva, ndipo ndalama ndi masiku zidzakhala zitapita. Ndimeyo siifafaniza ngongole, koma siipatsanso wobwereketsa ufulu wodzigamulira yekha. Funsani odziwa malamulo msanga, ndipo pangano ndi malisiti zikhale pomwe onse osaina angazipeze, ngakhale pakhomo patagwa maliro.